Bulu wa Chilatini ku Nsungwi

Lolemba, 14 Ogasiti

Ndayamba! Makope awiri atsopano, zolembera zitatu, tebulo ndalitulutsira pakhonde. Mayi akunyumba akuti ndikutchingira makasitomala awo a thobwa. Azolowera.

Pulani ndi iyi: pofika Lamulungu ndikhale nditamasulira m'Chichewa gawo limodzi la buku langa lakale la Chilatini, ndikawawerengere a Mbewe ku Kawale. Ndinawalonjeza dzulo. Chiwagwereni sitiroko, a Mbewe salankhula, mkono wamanja sugwira, amangoyang'ana khoma kunyumba kwa mwana wawo wamkazi. Koma nditatchula bukuli, diso lawo linachita mwa kale. Tinkaliwerenga mobisa ku seminale, ine ndi iwo, kuseri kwa khola la nkhumba, tisanasiye za unsembe n'kukhala aphunzitsi tonse awiri.

Nkhani yake ndi yosavuta. Mnyamata wina wamakedzana, wokonda kusuzumira za eni, aona mayi wa nyumba yomwe wafikiramo akudzola mafuta n'kusanduka kadzidzi. Naye asirira kuuluka. Wantchito wa m'nyumbamo asokoneza mabotolo. Mnyamata adzola, asanduka bulu. Basi, buku lonse akusenza katundu wa anthu ndi kumva zinsinsi zawo, chifukwa palibe amene amatsitsa mawu pamaso pa bulu.

Zovuta za lero:
— dikishonale yadyedwa ndi chiswe kuyambira M mpaka P
— magalasi anga mwendo umodzi ndi wa waya
— Chilatini changa chachita dzimbiri, zaka makumi anayi si masewera

Ndamasulira mizere isanu ndi umodzi. Si zoipa.

Lachiwiri, 15 Ogasiti

Ndapeza njira. Ndikamawerenga mokweza, mawu akubwerera okha. Ndiye ndikuwerenga mokweza, ndikuyendayenda pakhonde, chala m'mwamba, monga ankachitira Bambo wachizungu amene ankatiphunzitsa.

Amake Chisomo, a nyumba yoyandikana nafe, aima kuseri kwa mpanda, ndowa ili pamutu. "Kodi aphunzitsi, malilime mwayamba liti?" Ndikuwauza kuti si malilime, ndi chiyankhulo chakufa. Akuti, "Cha akufa?" Ndikuti chakufa. Apita akugwedeza mutu, madzi akuwatayikira kumsana.

Vuto lalikulu: kuti bulu abwerere umunthu, ayenera kudya duwa lina lake la kwa azungu. Ndilembe rozi? A Mbewe adzandiyang'ana ndi diso lija. Ndilembe maluwa a dzungu? Bulu wa kuno angawadye tsiku loyamba lomwe, buku n'kuthera patsamba lachitatu. Ndasiya mpata.

Mayi akunyumba ndawawerengerako pang'ono akusefa chimera. Chigamulo chawo: "Ndi nkhani ya mwamuna wotsegula mabotolo a akazi. Zamuyenera."

Lachitatu, 16 Ogasiti

Masamba anayi! Koma dzanja langa masiku ano limalemba ngati nkhuku yapalasa. Ndapita nawo kukashopu ka kumsika komwe amataipa makalata pa kompyuta. Magetsi alipo, chozizwitsa.

Mtsikana wotaipa, waulemu ndithu, wayamba bwino. Tsamba loyamba lathamanga. Tsamba lachiwiri zala zaima m'malere.

Chinthu chimodzi sindinachiganizire. M'bukuli wofotokoza ndi mwini nkhani. Choncho paliponse ndalemba kuti ndinadzola, ndinamera ubweya, mchira unanditulukira. Ndi dzanja langa, ndi inki yanga.

Mtsikana uja wandiyang'ana makutu. "Bambo, umboni wotere mukaperekere kutchalitchi, osati pano." Wandibwezera mapepala atawagwira ndi nsonga za zala. Ndikuyesa kufotokoza za kumasulira, za wolemba, za Aroma. M'kashopumo muli anthu asanu odikira fotokope. Onse akumvetsera mwachidwi, ndipo palibe amene akumva zimene ndikunenazo.

Ndabwerera wapansi. Mbiri yandipitirira panjira, yakafika kaye kunyumba.

Lachinayi, 17 Ogasiti

M'mawa onse palibe wogula thobwa. Mayi akunyumba akungopukuta makapu ouma kale. Kupukuta kumeneku ndimakudziwa.

Alendo a lero, onse a bulu:

1. Mayi wina wa ku Mgona, sindimudziwa, wagwada pakhomo. Akufuna mafutawo akawadzoze amuna ake. "Angokhala bulu basi, mwina n'kumasenzako makala." Ndamuuza kuti ndi nthano ya makedzana, yolembedwa agogo a agogo athu asanabadwe. Akuti ndiye kuti mankhwala ake ndi okhwima.

2. Bambo wina wa ngolo ya mchenga, wabwera ndi abulu ake awiri. Akuti wakumanzereyo amamuyang'ana ngati malume ake amene anasowa chaka cha njala. Ndimuone. Ndamuona. Kunena zoona, ali ndi nkhope ya munthu wodziwa zinthu. Koma ndati ndi bulu weniweni, ndipo asamamumenye kwambiri.

3. Che Idrisa, telala wa kutsidya kwa msewu. Awa okha ndiwo afunsa kuti nkhaniyo imayenda bwanji. Amvetsera mpaka kumapeto, tepi ili m'khosi. Akuti, "Aphunzitsi, wolemba ameneyo anagwirako ntchito ku Joni. Umasenza, amakumenya, umamva zonse, koma ukatsegula pakamwa amaseka." Iwo anakhalako zaka zisanu ndi ziwiri. Ku seminale tinkamva kuti buluyo ndi mzimu womangidwa ndi zilakolako za thupi. Za Che Idrisazi zandikhala pamtima kuposa za ku seminale.

Zomasulira lero: ziro.

Lachisanu, 18 Ogasiti

A Phiri, wapampando wa mphakati wathu, afika ndi amayi awiri a bungwe. Akana mpando. Akana thobwa!

Ndikuti ndiwakhazike mtima pansi. Bukuli, ndikutero, limatha ndi kutembenuka mtima. Bulu amalira, amapemphera, amabwerera umunthu, amakhala wopembedza moyo wake wonse. Nkhope ya a Phiri yayamba kumasuka. "Amapemphera kwa ndani?" Ndikanangonama! Koma munthu amene wachonga mayeso zaka zonsezi pakamwa pamayankha pokha. Ndati kwa mulungu wamkazi wotuluka m'nyanja.

"Za pansi pa nyanja!" Mayi mmodzi wachita chizindikiro cha mtanda kawiri.

Zomwe agamula:
— Lamulungu sindiwerenga Mawu a Mulungu kutchalitchi (zaka khumi ndi zinayi osajomba!)
— buku ndi mapepala zipite kwa Bambo Mfumu akazione
— ndileke kuwerenga mokweza pakhonde, ana akuopa kudutsa

Ndakana kupereka buku. Ndalankhula za maphunziro. Ndatchula ngakhale demokalase.

Atapita, mayi akunyumba andiitanira kukhitchini, andivundukulira ndowa. Thobwa la masiku awiri, lasasa lonse. Akuti akafika pampope, anzawo akumasuntha zigubu zawo. Sanakalipe, bola akanakalipa. Angoti, "A Mbewe ndi anzanu, ndikudziwa. Koma pamzere pano okhalapo ndife." Zaka makumi atatu ndi zisanu tili m'banja, sindinawaonepo akuyenda nkhope ili pansi.

Loweruka, 19 Ogasiti

Ndanyamula zonse m'jumbo: buku, makope, masamba anayi, dikishonale ya chiswe. Ndadzera dala pamsika, jumbo ili patsogolo, aliyense aone kuti zikupita kuparishi.

Bambo Mfumu kulibe, apita kumaliro. Alipo owathandiza, wansembe wachinyamata, wobadwa ine ndili kale ndi choko m'manja. Atembenuza buku uku ndi uku. Akuti Chilatini anachiphunzira chaka chimodzi, chatsala ndi cha pemphero limodzi basi. Awerenga masamba anga. Aseka mpaka kuvula magalasi! Munthu woyamba kuseka pomwe wolemba anafuna kuti anthu aseke. Kenako akumbukira kolala yawo, atsokomola. "Zikhale kuno kaye, bambo, mpaka anthu aiwale." Aika m'kabati ya makandulo, akhoma.

Ndafunsa kuti anthu amaiwala liti. Akuti kawirikawiri pakagwa nkhani ina.

Masana ogula thobwa ayamba kubwerera, mmodzimmodzi, akundizemba maso. Woyamba ndi Che Idrisa, amene thobwa salikonda. Amwera pamsewu penipeni, pang'onopang'ono, kuti mzere wonse uone.

Lamulungu, 20 Ogasiti

Misa yoyamba ndakhala benchi lakumbuyo. Amene wawerenga m'malo mwanga wapunthwa pa mayina onse a Chihebri. Sindinasangalale. Pang'ono pokha.

Minibasi ziwiri mpaka ku Kawale, manja lende. A Mbewe awakhazika panja, bulangete lili pamaondo. Ayang'ana manja anga, ayang'ana nkhope yanga. Ndawauza kuti buku lamangidwa ndipo belo yakanizidwa.

Nditani? Ndayamba kuwafotokozera pakamwa, mmene ndikukumbukiramo. Ndikasokoneza, dzanja lawo lamanzere likumenya pampando. Ndadumpha za achifwamba amene anaba buluyo: phwa! Ndabwerera. Ndasinthanitsa anthu awiri amene anamugula, wophika buledi ndi wolima dimba: phwa! Munthu wosalankhula, koma akundichongabe monga ankachitira tili anyamata. Ndalira ngati bulu, ine, mphunzitsi wopuma ntchito, pabwalo la eni. A Mbewe aseka ndi theka la pakamwa, malovu akutsikira pachibwano. Mwana wawo watuluka m'nyumba akuthamanga, amayesa akutsamwa. Kenako wangoima pakhomo, nsalu yopukutira mbale ili m'manja.

A Mbewe agona bulu asanabwerere umunthu. Sindinawadzutse.

Mwana wawo wandiperekeza mpaka pamsewu. Pasiteji wafunsa akuyang'ana kumbali: "Kodi bambo, amachira buluyo?"

Ndati amachira, mwanangu. Koma kumapeto kwenikweni, ndipo bukulo ndi lalitali.

Wagwedeza mutu, wabwerera kukawafunditsa bambo ake. Ine minibasi yandikhazika pathumba la mbatata mpaka kudepoti.