Una wa Nangondo pa Phiri la Mabwalo Atatu

Kale, m'nkhalango ya Msambidzi, chilungamo chinkakhala paphiri, ndipo wochifuna ankayenera kukhala ndi miyendo. Patsinde pankaweruza Nyani, timilandu ta zitonzo ndi mbatata zobedwa. Pakati panali Nyalugwe wa milandu yonenepa. Pamwamba penipeni panali mfumu Mkango, amene sankamva nkhani yosadzera pansi, ndipo akangotsokomola, chifuwacho chinkasanduka lamulo m'mabwalo onse.

Ndiye kunali njiri ina, dzina lake Nangondo, mayi wa ana asanu. Tsiku lina pochokera kokumba mizu anapeza Fisi, nduna yoona za malo ogona, ali gada mu una wake, mkonono ngati chigayo. Mitambo n'kuti itayamba kusonkhana, ndipo kamwana ka njiri kakanyowa ndi mvula yoyamba sikaona mawa.

Nangondo anaimika mchira njo, ana pambuyo, ulendo kwa Nyani.

"Pepani mayi, mtima wanga ukulira nanu," anatero Nyani akudzikanda m'khwapa. "Koma unawo ndi wakuya bwanji?"

"Mikono itatu, bwana."

"Ayi ndithu! Bwalo langa limalekeza pa mkono umodzi. Kwerani."

Anakwera. Nyalugwe anatsegula diso limodzi n'kufunsa tsamba losonyeza kuti Nyani wakanadi. Anatsika. Nyani anadinda tsambalo ndi phazi. Anakweranso. Akuti phazi ndi lamanzere, pafunika lamanja! Abale inu, mwezi wathunthu mayiyu ali kwere, tsike, kwere, tsike, mpaka tiana tinaloweza miyala yonse ya m'njira.

"Musade nkhawa," anatero Nyalugwe tsiku loweruza. "Mlandu suola."

"Mlandu suola, bwana, koma ana amafa."

Nyalugwe anayasamula. "Kodi unawo wasuntha? Suli pomwe munausiya? Ndiye chabedwa n'chiyani? Mlandu watha. Ngati simukukhutira, chitani apilo kwa mfumu."

Pa tsiku la apilo nkhalango yonse inakhamukira pamwamba. Fisi anafika atadzola mafuta, n'kukhala pafupi ndi mfumu ngati mwana wa mlongo wake. Mkango, amene anali atachoka kuphanga kwake m'mamawa atapesa manyenje, anakonza kukhosi.

"Ana anga okondedwa! Mu ufumu wanga palibe wamkulu, palibe wamng'ono. Chigamulo nachi: nyumba ndi ya amene ali m'katimo. Wotuluka wataya. Ndipo mawuwa amange mabwalo onse a pansi panga, lero ndi mpaka kalekale!"

Fisi anaseka mpaka kugubuduka. Nangondo anamva mtima kuwawa, misozi ili m'maso. Anayang'ana ana ake, anayang'ana mitambo yakuda bii, kenako anayang'ana mfumu. Mfumu ili panja. Nyalugwe ali panja. Fisi yemwe, ndi mafuta akewo, ali panja!

"Wolemekezeka," anafunsa mwaulemu atagwada, "lamuloli likuyamba liti?"

"Layamba kale, mayi. Kuno sitizengereza."

"Zikomo kwambiri."

Ha! Liwiro lake la mtondo wadooka. Michira isanu ndi umodzi ili njo, kutsetsereka phiri, fumbi kobo. Mukuganiza kuti analunjika ku una wake uja wonunkha fisi? Ayi, iye anali atatopa ndi mikono itatu. Analunjika kuphanga la mfumu, louma bwino, la khomo lopapatiza. Analowetsa ana, kenako iye analowa chafutambuyo monga zimachitira njiri zonse, mano ali kunja.

Nyama zina zitazindikira, kunali chipwirikiti chokoma. Nungu anakalowa kwa Nyalugwe. Kanyimbi anakalowa mu una uja, ndipo Fisi atangosuzumira anabwerera akutsokomola. Mbewa zinkavina, Gologolo anagwa mumtengo ndi phwete.

Mkango anafika pakhomo pake madontho oyamba akugwa.

"Tuluka, wamwano iwe!"

"Odi kaye, bambo," anayankha Nangondo. "Pakhomo pa eni sakuwa. Mukufuna ndani?"

Mfumu inayesa kulowetsa mphuno, inakumana ndi mano, inabweza. Itacheuka inapeza maso a nkhalango yonse ali pa iyo.

"Chabwino!" inabangula. "Ndikukwera pompano kukafafaniza chigamulocho!"

"Pepani, Wolemekezeka," anatero Nyani, "bwalo lanu silimva nkhani yosadzera pansi. Munalamula ndinu, chaka cha dzombe."

Basi mvula inakhuthuka. Mfumu ya nkhalango inaima pamzere patsinde pa phiri, kumbuyo kwa Khoswe wa mlandu wa mbatata, manyenje atamatirira kumaso. Nthawi yake itakwana, Nyani anadzikanda m'khwapa.

"Mtima wanga ukulira nanu, Wolemekezeka. Koma phangalo ndi lakuya bwanji?"

"Mikono khumi!"

"Ayi ndithu. Kwerani kwa a Nyalugwe."

"Nyalugwe ali kuti?"

"Ali kumbuyo kwanuko, Wolemekezeka. Nawonso ali pamzere."

Kuphanga kuja tiana tisanu tinali titagona, touma tonse. Nangondo anasuzumira pamvulapo n'kukuwa ndi chisoni chonse chimene anaphunzira paphiri paja:

"Musade nkhawa, bambo! Mlandu suola!"