Tepi Imene Kaputeni Amamezedwa

Pulaniyi inabadwira pa kachasu wa Rosalina ku Chiponde, ndipo monga mapulani onse obadwira pamenepo, inkaoneka yosalephereka.

Sefu, amene ankadzitcha Jenerali ngakhale gulu lake lonse linali Wadi yekha, anali ndi chilonda mumtima. Ali mwana anaonera filimu ya nkhondo ya mlengalenga, mmene kaputeni wa chombo amamezedwa ndi chilombo cha maso atatu. Koma eni ake anadzaikonzanso, ndipo m'filimu ya m'mafoni kaputeniyo amapulumuka, n'kukwatira ndithu. Zaka zonsezi Sefu akanena za kumezedwako anthu ankamuseka kuti ndi wabodza, ndipo zinkamuwawa zedi.

"Tepi yoyambirira ili mu vidiyo sho ya Che Jaffalie," anatero Sefu. "Lachisanu akapita ku mzikiti, tilowa, titola, tisowa."

"Nanga phindu lathu, Jenerali?" anafunsa Wadi.

"Mzungu wa ku Nkhudzi agula."

Mzunguyo kunalibe.

Lachisanu masana akatswiri athu anavutika kukanganula lata lakumbuyo, pomwe chitseko chinali chongomanga ndi waya. M'katimo anapeza matepi awiri ofanana, onse osalembedwa.

"Tingotenga onse, mani!" anatero Wadi.

"Tikaonera pa chiyani, chitsiru iwe? Deki yoonetsera matepi m'Chiponde muno ndi yomweyi."

Analowetsa tepi imodzi, nakhala pa benchi. Anaiwala zomwe aliyense amadziwa, kuti sho imaitana makasitomala ndi chimkuzamawu cha panja. Mfuti za mlengalenga zinamveka mpaka kumsika. Anthu anathamangira poganiza kuti sho yayamba msanga, ndipo Wadi, mutu utazungulira, anayamba kuwalozera pokhala.

Womaliza kulowa anali Che Jaffalie, chingwe cha mbuzi chili m'manja.

"Mangani, Che Jaffalie, sindikukana," Sefu anapempha misozi ili lengelenge. "Koma chonde musazimitse. Pangotsala pang'ono."

Mkuluyo anamanga onse awiri, nakhala pambali pawo. Chilombo chinayasamula. Kaputeni analowa yense, nsapato zomwe. 

Sefu anadzuka, kumukoka Wadi pachingwe, nayang'ana anthu amene ankamuseka aja mmodzimmodzi.

"Wabodza ndani? Ndati wabodza ndani? Basi, tiyeni ku polisiko."