Kaderno ya a Venâncio Idakali ku Posto

"Iwe Efigénia, poti kusukulu kwarta kalasi watsiriza, tandiyankha. Galu wa Myuda ndi galu wa Mwarabu akakumana pamphambano, alumana kapena anunkhizana?"

Adandifunsa chomwechi a Venâncio zaka zitatu zapitazo, ine nditangopita kukapopetsa njinga ya atate. Ndisadayasamule n'komwe, adadziyankha okha. "Anunkhizana! Wina ndi kelev, wina ndi kalb. Mimba imodzi!"

Inu amene simudawaone, dziwani kuti a Venâncio, okonza njinga pamsewu wa ku Fonte Boa, adali ndi nthenda imodzi: kuyanjanitsa Chihebri ndi Chiarabu. Ankati ziwirizi ndi ana a mayi mmodzi, zidangokanganirana munda wa malemu. Chihebri adachitola ku seminariyo, komwe adawabweza chaka chachitatu chifukwa mafunso awo ankaziziritsa chakudya cha apadiri. Chiarabu ankachikama kwa Che Bwanali, Myao wosoka zovala ku Kalomwe, ndipo Loweruka lililonse ankapalasa mtunda wonsewo kukakangana nawo. Mawu akapezeka ofanana, ankawalemba mu kaderno yakuda, Chihebri mbali iyi, Chiarabu mbali iyo.

Ukawasiyira njinga m'mawa, uyiwale za kumsika.

"Taonani masipoko atatu awa, achimwene. Mawu a anthu aja ali ndi mafupa atatu. Kulemba, Myuda ati katav, Mwarabu ati kataba. Mafupa omwewo, mnofu wokha ndiwo wosiyana."

"Chubu changa, abambo!"

"Chubu sichithawa. Khalani pansi."

Ku Kalomwe ndiye kunkathetheka moto. Tsiku lina Che Bwanali adati lahm ndi nyama. A Venâncio adati ayi, lekhem ndi mkate.

"Ndiye kuti Ayuda anuwo ankagona ndi mkate woumawo, ndiwo adalibe."

"Adalibe chifukwa Aarabu anuwo adathawa ndi mbuzi!"

Adanyanyalitsana milungu iwiri. Wachitatu a Venâncio adang'amba dala thumba la malaya awo kuti apeze chopitira.

Nkhondo itayandikira kuno, asipayo, apolisi a Apwitikizi, adayamba kusecha aliyense wodutsa kumalire, ndipo adaipeza kaderno ija. Shefe wa posto, bwana wa boma kuno, adaiyang'ana chadodolido, naitembenuza, nafunsa chifukwa chake iyambira kumbuyo. Adagamula kuti ndi uthenga wobisika wa anyamata a kutchire. A Venâncio adalowa m'kalaboso, ndende ya ku posto. Lole ya ku Tete inkabwera Lachinayi, ndipo tonse tinkadziwa kuti wokwera loleyo sitimuonanso.

Zotsatirazi adatisimbira akazi awo, a Leonor, amene adayenda masiku awiri kusonkhanitsa mboni. Lachitatu adafika ku posto ndi Padiri Tarsisio, nkhalamba yodziwa Chihebri, ndi Che Bwanali. Anthu awiriwa adali asadapatsanepo moni chibadwire. Adakhala pabenchi imodzi, onse m'mikanjo yoyera, sipayo n'kusowa woti amuchitire saluti.

Shefe adaloza liwu loyamba kumanja.

"Anyezi," adatero Padiri.

Adaloza la kumanzere.

"Anyezi," adatero Che Bwanali.

"Anyezi ndiye mabomba amenewo!"

"Senyoro, anyezi ndi anyezi," adatero a Leonor. "Amathira mu nyemba."

Adapitiriza. Mutu, mutu. Nyumba, nyumba. Dzino, dzino. Pofika tsamba lachisanu Padiri ndi Che Bwanali adali atamuiwala shefe, akulandana kaderno ngati ana opeza chisa cha mbalame. Kuseri kwa zitsulo a Venâncio ankavina.

"Mwamva? Leonor, wamva? Zikugwirizana! Zaka khumi ndi ziwiri mukunditcha wopenga!"

Shefe adagwira mutu. Adati alemba m'buku kuti munthuyu ndi maluko, wamisala wosaopsa, atuluke apite.

"Sindituluka," adatero a Venâncio, atagwira zitsulo. "Lembani kuti wophunzira."

"Ophunzira ndiwo timawatumiza ku Tete."

"Nditumizeni!"

Apa a Leonor adamanga nsalu m'chiuno. "Senyoro, ine ndagona nyumba imodzi ndi munthuyu zaka makumi awiri. Lembani wamisala, ndidinda ndi chala. Inu abambo a Pita, tulukani musadandione polekera."

Adatuluka atagwidwa pakhosi pa malaya. Kaderno idatsala m'kabati ya shefe.

Adayesa kuyambanso ina, koma maso adali atachita nkhungu, ndipo mawu a zaka zonse zija sakadabwerera m'mutu umodzi. Mwezi uliwonse ankapita kukapempha, chipewa m'manja, ndipo mwezi uliwonse ankawauza kuti abwere mawa. Chisanu cha chaka chino chidawapeza ndi chifuwa, sichidawasiye. Pamaliro Che Bwanali adaima kunja kwa mpanda wa manda mpaka fosholo yotsiriza. Atate atawapepesa, adangoti, "Munthu wokanika ngati uja sadzabadwanso," kenaka adabisa nkhope m'kofiya.

Pamsewu paja pakhala wina tsopano. Amamata chubu osakuyang'ana n'komwe, ndipo timafika kumsika nthawi yabwino, opanda choseka panjira. Loweruka makina a Che Bwanali amalira tsiku lonse, palibe wowaimitsa.

Masiku ano Apwitikizi akumanga katundu. Odutsa ku posto akuti kuseri kwake kukufuka utsi masana aliwonse, akutentha mapepala kabati ndi kabati. Amayi akuti mtsikana sapita ku posto, ndipo atate abisa pampu ya njinga. Ine ndalemba kale pempho m'Chipwitikizi changa cha kwarta, dzina langa lonse pansi pake. Mawa ndilawira wapansi. Shefe akati ndibwere mawa, ndikakhala pakhomo la kabatiyo mpaka andipatse, kapena alembe wamisala wachiwiri.