Tsiku Limene Ndinasanduka Chitsamba Kudimba

Anzanga, musayambe kuseka ndisanamalize, mudzaseka bwino kumapeto. Nkhani yake ndi ya nsanje, ndipo mwini nsanjeyo ndi ine Naphiri, mayi wa ana akuluakulu, woimba kwaya, munthu amene atsikana ongokwatiwa kumene amabwera kudzandifunsa nzeru za banja. Ee, ine ndemwe.

Amuna anga, bambo a Tamanda, amalima kabichi ndi mbatatesi kudimba kwathu kumunsi kwa Nzama. Chikwatiranireni sindinawaonepo akusamba popita kudimba. Munthu amasamba akabwerako, si choncho? Ndiye kudera kwathu kunabwera mlangizi watsopano, mtsikana wa njinga yamoto, mano mbee, tsitsi loluka bwino, mawu ngati a pa wailesi. Anayambitsa kalabu ya alimi yokumana kudimba kwathu Lachinayi lililonse, yophunzira za tizilombo ta m'munda, kuti anthu asamangopopera mankhwala chisawawa mpaka kupha ndi tizilombo tothandiza tomwe. Basitu, Lachinayi m'mawa bambo a Tamanda kusamba! Kupesa ndevu! Mpaka kundifunsa kuti, "Kodi malaya amizeremizere aja munasita?" Malaya ositasita kudimba, anthuni? Kabichi amaona malaya?

Akabwerako nkhani inali imodzimodzi. "Alangizi akuti pali kachilombo kena kofanana ndi kamtengo kouma, mbalame imakadutsa osakaona." Mawa lake, "Alangizi akuti timbozi ta pa mtengo wa mandimu timaoneka ngati zitosi za mbalame kuti tisadyedwe." Mkuja, "Alangizi akuti pali ntchentche zovala zakuda ndi zachikasu ngati njuchi kapena mavu, koma n'zabodza, zilibe mbola, zimangoopseza, ndipo mphutsi zake zimadya nsabwe za pa kabichi." Alangizi akuti, alangizi akuti! Ine zaka zonsezi ndikuwaphikira, sindinamvepo akuuza munthu kuti "mayi a Tamanda akuti". Tsiku lina ndinanyamula silipasi kuti ndiphwanye chiswamphika pakhonde, iwo n'kundigwira mkono ngati ndikufuna kupha mwana wawo. "Musaphe! Alangizi akuti ameneyu ndi mlonda wa m'munda." Mtima wanga unangoti myuu.

Ndinakamudandaulira mnzanga Nangozo kumjigo. Iye anatula ndowa n'kundiyang'ana momvetsa chisoni. "Asisi, mwamuna wamkulu ngati ameneyu sangayambe kukonda tizilombo mwadzidzidzi. Fufuzani amene akumuonetsa tizilomboto." Mwamva kumene mawu amenewo? Ndi mafuta a palafini pamoto.

Cholinga changa chinali chabwinobwino. Ndinati ndingopita ndikaone ndi maso anga, osayankhula, osakangana ndi munthu, ndikaona kuti palibe kanthu ndibwerere mwakachetechete. Vuto n'lakuti kudimba kwathu n'koyera, palibe pobisala kupatula mpanda wa deliya wa m'mbali mwa chitsime. Apa m'pamene maphunziro a alangizi omwewo anandibwerera m'mutu. Amuna anga ankati chinsinsi cha tizilombo tobisala n'chakuti ufanane ndi pamene wakhalapo ndipo usagwedezeke. Ndinati eya, kachilombo kopanda sukulu kangandipose ine?

Lachinayi iwo akusamba kubafa, ine ndinanamizira kuti ndikupita kukathyola ndiwo. Ndinavala chitenje chobiriwira, duku lobiriwira, n'kudutsa njira yachidule. Nditafika pa mpanda uja ndinathyola nthambi za deliya ndi za nandolo, zina kuzisomeka m'duku, zina m'chiuno, zina m'khosi mwa bulauzi. Kenako ndinakumbukira kuti ndinadzola mafuta ndipo chipumi chikunyezimira padzuwa, ndiye ndinatapa matope a m'mbali mwa chitsime n'kudzipaka kumaso konse. Mayi wa kwaya ameneyo! Ndinalowa mkati mwa mpanda, kunjuta, n'kukhala duu. Pamenepo ndinkadzitama mumtima kuti ngakhale kabawi sangandione.

Woyamba kukhulupirira kuti ndine chitsamba anali mbuzi. Mbuzi ya aneba inali itadula chingwe, ndiye inabwera chinunkhizanunkhiza, n'kuima kumbuyo kwanga, n'kuyamba kudya nandolo wa m'mutu mwanga. Ndinainong'oneza kuti, "Choka, iwe!" Iyo inangondiyang'ana uku ikutafuna. Ndikati ndiikankhe, ndinamva njinga yamoto ikubwera. Ndinauma gwa. Mbuzi inadya mbali imodzi yonse ya mutu, inakoka duku mpaka kupendekera pa khutu, kenako inachoka yokha osathokoza n'komwe.

Tsono ine ndinkayembekezera kuona anthu awiri, amuna anga ndi mtsikana uja. Mayo ine! Kunabwera chikhamu, azibambo ndi azimayi, ena ndi ana kumbuyo. Kutsogolo kwenikweni kunali apongozi anga, mayi awo a bambo a Tamanda, atanyamula kampando kawo. Ndipo amene anali pambali pa alangizi, akuseka mpaka kuwagwira paphewa, anali ndani? Nangozo! Nangozo yemwe uja wa kumjigo! Kani nayenso ndi wa m'kalabu, osandiuza.

Munthu wanzeru akanatuluka pomwepo n'kupita kwawo. Koma mungatuluke bwanji pamaso pa apongozi, nkhope ili matope, m'chiuno muli deliya? Ndinati ndipirira mpaka amalize.

Maphunziro anayamba, anthu akutembenuza masamba a kabichi, ine miyendo ikuchita dzanzi. Kenako ndinayamba kumva kulira kwa tizilombo pafupi ndi khutu. Nditatembenuza maso okha, ndinaona tinthu takuda ndi tachikasu tikuzungulira nthambi imene ndinathyolapo ija. Kamodzi kanatera pa mkono. Ndinachita mantha pang'ono, kenako n'kudzilimbitsa mtima. Ndinati, "Aa, ndakudziwani inu, ndinu ntchentche zabodza zija. Muziopseza mbalame, osati ine." Mpaka ndinamwetulira, kunyadira kuti sayansi ndikuidziwa popanda kupita ku kalabu. Kachiwiri kanatera pakhosi. Kachitatu kanayenda pang'onopang'ono n'kulowa m'bulauzi. Ine phee, chitsamba sichigwedezeka.

Nthawi yomweyo ndinaona amuna anga akukodola alangizi. "Tabwerani kuno, ndikuonetseni uja ndinkanena." Anasiya gulu lonse awiriwiri, n'kubwera molunjika pa mpanda wanga, mpaka ndinkaona nsapato zawo. Anawerama, mitu kuyandikana, ndipo amuna anga anatsitsa mawu, mawu ofewa amene ine ndinawamva komaliza tili pa chibwenzi.

"Taonani kukongola. Kachiuno kowonda bwino, maso aakulu. Ine m'mawa uliwonse ndimangofuna kumuona."

Alangizi anaseka chapansipansi. "Koma ndiye mwagwa naye m'chikonditu, bambo."

"Kwambiri. Koma mayi a kunyumba asadziwe, aja akhoza kupha."

Magazi anga anawira. Ndinatsegula pakamwa kuti ndikuwe kuti ndamva zonse, ndipo mphindi yomweyo kachilombo ka m'bulauzi kaja kanandionetsa kuti si ntchentche. Anali mavu enieni, anzanga, ndipo chisa chawo ndinali nditachigwedeza ndekha. Anandiluma pansi pa bere, pakhosi, pachikope, pamlomo. Mawu amene anatuluka m'kamwa mwanga sanali a munthu.

Tangoganizani inuyo muli phee kumvetsera za nsabwe za pa kabichi, mwadzidzidzi mpanda ukung'ambika, mukutuluka chinthu cha masamba, nkhope yakuda bii, diso limodzi lotseka, chikukuwa n'kumadzimenya pachifuwa. Anthu anabalalika ngati nkhuku zaona mphamba. Azibambo akuluakulu analumpha mizere osayang'ana m'mbuyo. Nangozo anataya nsapato. Apongozi anafuula kuti, "Chilombooo!" n'kugwa chagada ndi kampando kawo m'ngalande ya madzi. Ine osaona kumene ndikupita, ndinadutsa pakati pa nazale ya kabichi imene amuna anga anaisamalira mwezi wathunthu, kupondaponda mbande zonse, mavu ali pambuyo, mpaka ndinakadziponya m'thope la m'mbali mwa chitsime.

Nditadzutsa mutu ndinaona bambo a Tamanda ataima ndi mpini wa khasu m'mwamba, malaya ositasita aja ali matope okhaokha.

"Ndiwe ndani? Yankhula!"

"Ndine, bambo a Tamanda, musandimenye."

Mpini unatsika pang'onopang'ono. "Mayi a Tamanda? Mukutani muno?"

"Ndimathyola chisoso."

Anthuni, chisoso chake chiti chothyola utasomeka nthambi m'duku? Anthu anayamba kubwerera mmodzimmodzi, ndipo woyamba kuphulika ndi phwete anali Nangozo. Apongozi anatuluka m'ngalande chitenje chikudontha, anandiyang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi, n'kungoti, "Naphiri, mwanawe, ukanandiuza kuti ukufuna kulowa kalabu ndikanakutenga. Sitilowera kumpanda."

Koma ine nsanje inali isanathe, ngakhale mlomo unali utayamba kulemera. Ndinaloza amuna anga. "Nanga wa kachiuno kowonda ndi ndani? Amene ine ndisamudziwe ndi ndani?"

Iwo anaika mpini uja pansi. Anapita pa mpanda paja mosamala, n'kubwera ndi kanthambi. Ndinayang'ana ndi diso limodzi lotsalalo, sindinaone kanthu, masamba okhaokha. Kenako tsamba limodzi linatembenuza mutu n'kundiyang'ana. Chiswamphika chobiriwira, chili phee, manja chitapinda ngati chikupemphera. Chinali chitakhala pafupi ndi mphuno yanga m'mawa wonse, ine osachiona, ndipo pa chipwirikiti chonsecho icho sichinasunthe n'komwe. Mkazi mnzanga anali ameneyo.

Nkhope inapitiriza kutupa mpaka alangizi anati zimenezi si zosekanso, ndiyenera kupita kuchipatala msanga. Galimoto kudimba kulibe. Ndiye mukudziwa chimene chinachitika? Ndinakwera njinga yamoto ya mtsikana yemweyo. "Gwirani m'chiuno mwangamu zolimba, mayi, msewuwu ndi wa mabampu." Ine amene ndinabwera kudzagwira amuna anga ali m'chiuno mwa alangizi, ndi ine amene ndinadutsa pa msika wonse nditawakumbatira alangiziwo, masamba a deliya akuuluka m'mbuyo. Ndipo ndinene zoona, nako kachiuno kawo kanali kowonda, mpaka nsanje inayambiranso tili pa njinga pomwepo. M'njira anandiuza mwaulemu kuti phunziro la kubisala kwa tizilombo linkawavuta kufotokoza, koma lero alimi onse alimvetsa, ndipo ngati sindidandaula ndidzabwerenso ndi zovala zomwezo kalabu ya kutsidya ikamadzakumana.

Nditabwerako ndi mapilitsi anga, ndinapeza bambo a Tamanda atakhala pakhonde. Za mbande zawo sananene kanthu, zimene zinandiwawa kuposa kukalipiridwa. Anandiyang'ana nthawi yaitali, milomo ikunjenjemera pofuna kubisa kuseka, kenako anati, "Mayi a Tamanda, pali chimodzi chimene ndinaiwala kukuuzani. Alangizi akuti ntchentche yonamizira ili ndi mapiko awiri, mavu ali ndi anayi. Mukanayamba mwawerenga mapiko."

Ndinati, "Ndikanawerenga bwanji ali m'bulauzi?"

Anaseka mpaka kugwa pa mpando, ine ndikulephera kuseka nawo chifukwa mlomo unali utatupa ngati mbatata.

Lamulungu lotsatira kukwaya sindinapite, ndipo mpaka pano ndikamadutsa pa msika pamakhala wina wonong'oneza kuti mpanda ukuyenda. Ndiye ndinalumbira, anzanga, ndipo mukhale mboni. Kubisala ndasiyira eni ake a miyendo isanu ndi umodzi. Nsanje ikandigwira masiku ano ndimasamba, kudzola mafuta, kuvala chitenje chofiira choonekera kutali, n'kukakhala kutsogolo kwenikweni kwa kalabu, pakati pa amuna anga ndi alangizi, pamene aliyense akundiona.