Tiyi wa Mayi Noreen

Mayi Noreen Pascoe sanamweko tiyi wotentha m'tauni muno, ndipo amene anganene kuti anawaona akumwa ndi wabodza. Ukawapatsa kapu, ankatulutsa kachitini m'thumba n'kukhuthuliramo tiyi yense, mkaka ndi shuga zomwe. M'kachitinimo munkakhala njere za Mose waminga, kachitsamba kamaluwa achikasu ka kumchenga kwathu kuno, kumadzulo kwa Australia. Njere zake n'zamakani ngati mayiwo: sizimera pokhapokha zitapsa ndi moto kapena madzi otentha.

"Mayi, tiyi ameneyo ndi wa mpingo," anadandaula abusa tsiku lina.

"Inu mumadzutsa anthu ndi ulaliki, sadzuka ayi. Ine ndikadzutsa njere zimadzuka. Thiraninso."

Njerezo ankazifesa paliponse, ngakhale m'mphepete mwa bwalo la mpira. Goloboyi wathu anadumphira m'mingamo, n'kutha sabata yathunthu akudya choimirira.

Koma nkhondo yeniyeni inali pa kamzere ka tchire pafupi ndi manda. Kanatsala kokhako, kwina konse kunasanduka minda ya tirigu. Akhonsolo, anthu oti duwa amalidziwa likakhala lapulasitiki, ankafuna kupalapo kuti pakhale poimika magalimoto. Anatuma Clem Duffield, dalaivala wa giledala yopalira misewu, bambo wa chimimba chake, amene Mayi Noreen anamuphunzitsa kusukulu ali mwana. Katatu konse anawapeza atakhala pampando pakati pa minga, fulasiki ili pamwendo.

"Mayi, chonde sunthani. Ndatumidwa, kalata ndi iyi."

"Iwe Clem, kalasi yoyamba unakhalamo zaka ziwiri. Lero wadziwa kuwerenga makalata?"

"Ndi minga chabe izi, mayi."

"Nawenso ndiwe mimba chabe, koma palibe wakupala. Tembenuza chingolo chakocho!"

Clem ankatembenuzadi. Koma tsiku limene mayiwo anagonekedwa m'chipatala, akhonsolo anamutumanso, ndipo pofika masana panali mbee, mchenga wokhawokha. Mpaka lero zimandipsetsa mtima. Kudikira kuti nkhalamba igone kaye, ndiye mphamvu zimenezo?

Ndine ndinakawauza mayiwo kuchipatala. Ndinkayesa alira, koma anangofunsa kuti, "Wapala mozama bwanji?"

"Pamwamba pokha."

"Waulesi uja! Ndiye njere zilipo. Tenga pepala ulembe."

Anamwalira Lachinayi. Pamaliro, titangokwirira, ndinawerenga pepalalo mokweza: "Tiyi wa pamaliro anga asamwe munthu. Mukathire pamene anapala Clem."

Mkulu wa khonsolo anati zimenezo n'zosaloledwa. Akulankhula choncho, anthu tinali titandanda kale, wina ketulo, wina fulasiki, abusa ndi kapu yawo. Kumapeto kunabwera Clem atakumbatira chithini chachikulu cha kuholo, nthunzi ikumuwotcha chibwano, akulira ngati mwana.

"Pepani mayi, pepani," ankatero akuthira.

Mvula itagwa, timbewu tinatuluka. Chaka chachiwiri pamalo ponse panachita chikasu, moti woimika galimoto pamenepo ankatsika akutukwana, minga ili m'masokosi. Akhonsolo anatumanso Clem. Anapita, n'kudutsapo kawiri chitsulo chopalira chili m'mwamba, osakhudza ngakhale duwa limodzi.

"Wapala?" anamufunsa.

"Ndadutsapo, bwana. Mukafuna zoposa apo, makiyi ndi awa."

Makiyiwo palibe anawatola.

Masiku ano kutchalitchi tiyi amatha bwinobwino, palibe wokalipira abusa, ndipo n'zosasangalatsa. Ndimawasowa mayi aja, ndisaname. Ine kapu yanga sindiimaliza. Ndimatuluka nayo panja ikadali yotentha, ndipo nthawi zambiri ndimapeza Clem wafika kale, akuthira yake pamchenga.