Tsiku Limene Ndinaukitsa a Nobu

Mpaka lero ndikamva ambulansi ikulira mumsewu ndimayang'ana pansi, ngakhale ndili ndekha m'basi. Nkhaniyi ndaisunga nthawi yaitali, koma bola ndiinene ndekha, chifukwa oinena ena amathira mchere.

Zaka zimenezo kupeza chipinda mu Dublin kunali kovuta kuposa kupeza ntchito. Ntchito ndinali nayo, yosamalira okalamba, koma ndinagona miyezi isanu pa sofa ya banja lina la Amalawi ku Finglas, ana awo akundiponda m'mawa uliwonse pofuna rimoti. Ukapita kukaona nyumba yotsatsidwa, unkapeza mzere wafika pa kona, ena atavala masuti ngati akukafunsira mbeta. Ndiye wansembe wathu wa ku Malawi atandiuza kuti ku Dún Laoghaire kuli mayi ali ndi chipinda, ndinakwera sitima tsiku lomwelo.

Mayiwo anali a Emi, a ku Japan, okwatiwa ndi mwamuna wa konkuno. Amayi awo atamwalira, anatenga bambo awo, a Nobu, kudzakhala nawo. Anali madala aafupi, aukhondo, osalankhulalankhula.

"Tikuyesani mwezi umodzi," anatero a Emi. "Tikufuna munthu wodekha. Bambo sakonda phokoso."

Ndinayankha kuti kwathu ndimadziwika ndi kudekha (Mulungu andikhululukire, ndinakulira ku Ndirande).

Chimene chinandisowetsa mtendere ndi zithunzi za m'khonde la m'nyumbamo. Zinali zambiri, ndipo pa chilichonse pakati panali munthu wina wooneka bwino, a Nobu ali cha kumphepete. Apa avala yunifolomu ya polisi. Apo avala chovala choyera cha dokotala. Pena chipewa cha dalaivala, pena apuloni ya wophika. Ndinkaima pamenepo ndi kapu ya tiyi, kuwerengetsa. Munthu mmodzi ntchito zonsezi? Ndinafika pogamula kuti madalawa ankachotsedwa ntchito kulikonse kumene alowa, ndipo ndinayamba kuwamvera chisoni. Kufunsa sindinafunse, popeza munthu wodekha safunsafunsa.

Sabata yachiwiri ndinayamba kuwamva akulankhula okha m'chipinda chochezera. Mawu omwewo, kawiri, katatu, kakhumi, kenako chete. Kuntchito ndinaonapo okalamba oyamba choncho, ndiye ndinayamba kuwazonda. Ndikamadutsa ndinkachepetsa liwiro, khutu lili kuchitseko. Tsiku lina anandipeza nditawerama pamenepo, ndinanamizira kumanga chingwe cha nsapato (ndinali nditavala masilipasi). Anandiweramira mwaulemu, nanenso ndinawerama, tinasiyana.

Muyenera kudziwanso kuti mwezi womwewo kuntchito anali atatiphunzitsa kutsitsimutsa munthu amene mtima waima. Tinayeserera pa chidole cha pulasitiki, ndipo mphunzitsi anandiyamikira kuti ndili ndi mphamvu m'manja. Satifiketi ndinali nditaimata pakhoma.

Linali Lachiwiri, tsiku langa lopuma, cha m'ma naini koloko m'mawa. A Emi ndi amuna awo anali atapita kuntchito. Ndili kukhitchini ndinamva a Nobu akufuula, kenako phii! chinthu cholemera kugwa. Ndinakankha chitseko. Anali gone pakapeti, dzanja lili pachifuwa, mwendo umodzi utapindika, maso ali pakati pa kutseka ndi kutsegula.

"A Nobu! Bambo!"

Ndinawagwedeza phewa. Zii. Ndinaika tsaya pafupi ndi mphuno, mpweya sindinaumve. Ndinaimbira ambulansi, ndinatchula adiresi, foni ndinaiponya pambali. Malaya awo ndinawang'amba, mabatani anathawira konsekonse. Ndinagwada n'kuyamba kudinikiza chifuwa, ndikuwerenga m'Chingerezi monga anatiphunzitsira, koma kulira ndikulira m'Chichewa. Ndipo pano ndiulule: sindinalire kuti "bambo anga". Pakamwa panga panatuluka choonadi chokhachokha.

"Mayo ine, chipinda changa! Mayo ine, chipinda changa!"

Ndikuganiza kuti ndinali nditadinikiza kokwana makumi awiri pamene maliro anatsegula diso limodzi. Anandiyang'ana, n'kunong'ona m'Chingerezi chawo chapang'onopang'ono:

"Chonde, mayi. Sanandiuze kuti ndidzuke."

Ndinakuwa mokweza kuposa poyamba. Kumbuyo kwanga wina anatsokomola. Nditacheuka ndinaona laputopu pashelefu ya mabuku, ndipo mkati mwake munali anthu atatu atakhala patebulo ku Tokyo. Mayi mmodzi anali atagwira pakamwa. Bambo wa magalasi ananena liwu limodzi lalifupi, ndipo pomwepo a Nobu anadzuka n'kukhala tsonga, n'kuweramira laputopu, malaya ali pululu.

Ndinayesa kuletsa ambulansi, koma foni inali italowa pansi pa sofa. Pamene ndinkaikokera ndi chipande, galimoto inali itaima pakhomo, aneba atatu ali pageti. Anyamata a ambulansi anapima a Nobu n'kupeza mtima wabwinobwino. Vuto linali nthiti, ndipo wobweretsa vutolo anali ataima pomwepo ndi chipande m'manja. Mmodzi anandisisita paphewa n'kunena kuti ndinachita zoyenera. Anadikira kufika m'galimoto kuti aseke, koma ndinawamva.

A Emi anabwera mothamanga kuchokera kuntchito, ndipo ndi iwo anandifotokozera. Bambo awo sanachotsedwepo ntchito kulikonse. Anali ochita sewero m'mafilimu ndi pa wailesi ya kanema kwa zaka zoposa makumi anayi, koma sanakhalepo mwini filimu, wosewera wamkulu uja. Iwo anali wapolisi wobweretsa uthenga, dokotala wopukusa mutu, dalaivala wotsegulira bwana chitseko, ndipo kawirikawiri anali munthu wofa filimu isanafike pakati. Tsikulo anthu a pa laputopu aja ankawayesa pa gawo la agogo okomoka pa phwando la ukwati. Lamulo la ntchito yawo n'lakuti ukagwa sugwedezeka mpaka wotsogolera filimu atanena, ngakhale denga likugwere.

"Kapena mlendi akugwere," anawonjezera a Emi, osaseka.

Ndinakwera m'chipinda changa n'kuyamba kulongedza. Ndinali nditapinda kale zofunda pamene wina anagogoda. Anali a Nobu, atavala malaya ena, dzanja lili panthiti.

"Mukupita kuti?"

"Ndakuwonongerani ntchito, bambo. Ndi malaya omwe."

"Gawolo mwina sakanandipatsa ndi kale. Ambiri sandipatsa, ndinazolowera." Anakhala pampando pang'onopang'ono. "Ine ndafa kambirimbiri. Amandilumpha, amandikoka miyendo, wina anandipondapo chala akuthamangira kukapsompsona mtsikana. Palibe anandilirapo ngati inu. Mawu aja amatanthauza chiyani?"

Ndinayang'ana zenera. Ndinayang'ana chikwama.

"Amatanthauza kuti musatisiye, bambo."

Anatseka maso n'kugwedeza mutu. Anati ndimasule chikwama, ndipo akalankhula ndi mwana wawo.

Gawo lija analipatsadi wina. Koma kuyambira pamenepo ndinafunsa zonse zimene ndinkafuna. Anandionetsa mmene munthu amapumira ndi m'mimba kuti chifuwa chisaoneke, mmene umagwera bondo lisanamenye pansi, ndi mmene umaimira pambali pa mwini filimu osamuphimba. Anati ntchito yawo inali yoti anthu akhulupirire mnzawoyo, osati kukumbukira iwo. Tinaonera limodzi mafilimu awo angapo, ine ndikufuula "Awo! Awo!" iwo asanafe.

Chimene ndinaiwala n'chakuti munthu wa ntchito imeneyi saiwala mawu. Patapita miyezi ingapo kunabwera msuweni wanga kudzandiona, ndipo a Nobu anacheza naye masana onse. Msuweniyo akutsanzika, madala anamuperekeza pakhomo, anagwira pachifuwa, nkhope yodzaza chisoni, n'kunena m'Chichewa chosalala:

"Mayo ine, chipinda changa."

Msuweni wanga anandiyang'ana. Ine ndinamuponda phazi.

Amanenabe mawuwa kwa mlendo aliyense amene amukonda, ndipo nthawi iliyonse ndimati ndiwauza zoona mawa. Phunziro ndinatolapo lilipo ndithu: ukanamiza munthu, usanamize woloweza.