Mtanda wa Eni Ake pa Tebulo la Komiti

Ababa, mwagona kuno ku Changata mwezi ndi theka, ndiye imvani zimene mwana wanu wachita. Pamaliro panu a kapitawo a ku esiteti, amene munawathyolera tiyi mpaka msana kupindika, sanabwere. Amalume a ku Goliati akuti phazi linatupa, koma kumsika anthu anawaona. Bwana Khoromana a ku ofesi kwathu... basi, ndilekere pomwepa, ndingatukwane pamaso panu.

Ndinakhala kumudzi masabata atatu, kuyambira kukudwazikani mpaka kumeta. Nditabwerera ku ofesi ya zaulimi komwe ndine mesenjala, bwana Khoromana anangondipatsa kalata: ntchito yatha chifukwa chojomba. Osandikhazika pansi, osandifunsa! Sukulu ndinalekera Sitandade 7, koma ndikudziwa kuti ngakhale wakuba nkhuku amayamba amufunsa. Ndinachita apilo. Komiti inandipatsa tsiku, n'kuti ndibwere ndi umboni woti kunagwadi maliro.

Umboni? Munamwalirira m'nyumba, pepala la kuchipatala ndikanalitenga kuti? Ndiye ndinaganiza nzeru zanga. M'mamawa wa tsikulo, chifunga chitaphimba mudzi wonse, ndinalowa kumanda ndekhandekha, kuzula mtanda, kuukulunga m'chitenje cha amayi, ulendo.

Mu minibasi chitenje chinavundukuka, mwendo wa mtanda poyera, dothi lofiira lili pomwepo. Mayi wina anakuwa, "Kondakitala, uyu wanyamula za kumanda!" Ananditsitsa pakati pa minda ya tiyi. Ndinayenda wapansi, mtanda paphewa, othyola tiyi akuvula zipewa n'kumafunsa, "Zovuta zili kuti, achimwene?"

Ndinafika thukuta lili kamukamu, n'kupeza bwana Khoromana atakhala pakati pa komiti. Ndinakana pomwepo. "Wondichotsa yemweyo akhalenso wondiweruza? Ayi, zimenezo sindilola." Mayi wapampando, wochokera ku likulu, anavomera, nawauza bwanawo kuti akakhale pa benchi ngati ine. Mtima unakula, ababa! Ndinavundukula chitenje n'kuugwetsa mtanda patebulo.

"Umboni wanu ndi uwu!"

Mayi aja anasuntha mpando, navala magalasi, nawerenga mokweza. "Esinati Mulipa. Bambo anu dzina lawo linali Esinati?"

Kalanga ine! M'chifunga muja ndinazula wa manda oyandikana nawo. Ndikanatani? Ndinangoimika khosi n'kuyankha, "Ayi mayi, amenewo ndi aneba awo."

Komiti yonse inagwa ndi phwete, mlembi mpaka anatuluka panja. Atapukuta misozi, mayi aja anatembenukira kwa bwana Khoromana. "Kalata yomuitana munthuyu kuti adzafotokoze mbali yake musanamuchotse ili kuti?" Bwana anasanthula fayilo, kutsogolo, kumbuyo, osaipeza. Mayi anagamula kuti ndibwerere pantchito mpaka nkhaniyo idzamvedwe mwa dongosolo, ndipo umboni ukhale kalata ya kumpingo, mtandawo ubwerere kwawo lero lomwe.

Kumudzi ndinapeza a kwa Mulipa akundidikira pakhonde, nkhope zili gwa. Koma taonani, ababa: anandikhazika pamphasa, anandimvetsera mpaka kumaliza, kenaka ndi pamene anatenga tambala wanu wofiira uja ngati chindapusa. Anthu osadziwa n'komwe fayilo, koma mlandu akuudziwa. Bwana Khoromana akaphunzire kwa a Mulipa.

Lolemba ndikalowa pageti la ku ofesi lomwe lija mutu uli m'mwamba, aseke amene akuseka. Kumanda sindidzazulanso kanthu, ndalumbira. Akadzafunanso umboni, komiti yonse ndidzabwera nayo kuno, mudzawayankhe nokha.